Ngozi Family: Bandi ya ku Lusaka Yomwe Inalusitsa Gitala M'chinyanja

Munthu akanyamuka ku Tsangano kapena ku Furancungo, m'chigawo cha Tete, n'kulowera kumadzulo, kudutsa m'boma la Chifunde mpaka pachipata cha Cassacatiza, amatulukira ku Chanida m'dziko la Zambia, kenako n'kufika pa Katete. Pamenepo wagwira msewu waukulu wopita ku Lusaka, ndipo ulendo wonsewo safuna womasulira. Chinyanja cha mu Lusaka chinasakanikirana ndi Chinsenga, Chibemba ndi Chingerezi, komabe wa ku Tsangano amachimva bwinobwino. M'chinenero chimenechi ndi momwe anyamata atatu a mumzindawo, m'zaka za m'ma 1970, anaimba nyimbo zaukali ndi zaphokoso, za mtundu womwe ambiri timaganiza kuti ndi wa azungu atsitsi lalitali okhaokha. Bandi yawo inkatchedwa Ngozi Family. Achikulire a ku Zambia amaikumbukira, koma kuno kwathu ndi ochepa omwe anamvapo dzinali, ngakhale kuti mawu a nyimbo zake ndi athu omwe.

Kumene phokosoli linabadwira

Nyimbo za heavy metal zinayambira ku England, makamaka mumzinda wa Birmingham, womwe unali wodzaza ndi mafakitale osula zitsulo. Kumeneko mu 1968 anyamata anayi, ana a anthu ogwira ntchito zamanja, anayambitsa bandi yomwe pambuyo pake inadziwika kuti Black Sabbath. Woimba gitala wawo, Tony Iommi, anadulidwa nsonga za zala ziwiri ndi makina a m'fakitale ali ndi zaka 17. Kuti apitirize kuimba, anadzipangira tizisoti ta pulasitiki tovala kuzalako, anayamba kugwiritsa ntchito nsambo zopyapyala, ndipo m'kupita kwa nthawi anazimasulako kuti zisamamupweteke pozidinikiza. Nsambo yomasuka imalira ndi mawu otsika, a besi. Kulumala kwa munthu mmodzi kunathandiza kupanga kaliridwe komwe lero mabandi zikwizikwi amakatsanzira. Chimbale choyamba cha Black Sabbath chinatuluka mu February 1970.

Nsambo zomasukazo ndi chinthu choyamba chomwe chinapanga phokosoli. Chachiwiri ndi magetsi. Gitala wamagetsi payekha salira mokweza. Pansi pa nsambo zake pali timaginito tokulungidwa ndi waya, tomwe timasandutsa kunjenjemera kwa nsambo kukhala mphamvu yamagetsi yochepa kwambiri. Mphamvuyo imapita ku ampulifaya, yomwe imaikuza n'kuitumiza ku sipika. Ampulifaya iliyonse ili ndi malire ake. Mukaikankha kupyola malirewo, mawu satulukanso osalala, amatuluka osweka ndi okhakhala, komanso amachedwa kuzima. Akatswiri a zamagetsi ankaona zimenezi ngati vuto loyenera kukonza, koma oimba anazikonda. Mu 1964 Dave Davies wa bandi ya The Kinks anachita kucheka sipika yake ndi lezala kuti apeze mawu otero. M'zaka zomwezo makampani anayamba kugulitsa kabokosi kopondedwa ndi phazi, kotchedwa fuzz, kopereka mawu osweka omwewo popanda kuwononga chipangizo. Amene sanamvepo fuzz aganize za chigayo cha dizilo chikamalimbana ndi chimanga chosauma bwino, kungoti pano kulirako kuli ndi chuni.

Chachitatu ndi kamangidwe ka nyimbo. Nyimbo ya heavy metal imayenda pa kachidutswa kafupi komwe gitala ndi besi amakabwereza pamodzi kuyambira poyamba mpaka pomaliza. Oimba amakatcha riff. Apa m'pomwe ine ndimaona kuti nyimbozi sizinali zachilendo kwenikweni m'makutu athu. Woimba bangwe, kalimba kapena mangolongondo amachita zomwezo: amagwira kachidutswa kamodzi n'kumakazungulira, mawu n'kumayenda pamwamba pake. Mnyamata wokulira pa ng'oma sankafunika sukulu kuti amvetse zomwe Iommi ankachita. Chomwe ankasowa ndi gitala, ampulifaya ndi soketi ya magetsi.

Chifukwa chiyani Lusaka, osati Blantyre kapena Tete?

Anthu olankhula chinenero chimodzi anagawidwa m'mayiko atatu, ndipo m'zaka zimenezo mayiko atatuwo ankayenda njira zosiyana kwambiri.

Ku Tete kunali nkhondo. FRELIMO inatsegula nkhondo m'chigawochi mu 1968, ndipo boma la Apwitikizi linasamutsira anthu ambiri m'midzi yotsekeredwa yomwe inkatchedwa aldeamentos. Damu la Cahora Bassa linamalizidwa mu 1974, koma magetsi ake ochuluka anakonzedwa kuti azipita ku South Africa, kudumpha midzi ya anthu omwe analimanga. Ufulu utabwera pa 25 June 1975, mtendere sunakhalitse, nkhondo ina inayamba, ndipo anthu ochuluka a ku Angónia, Tsangano ndi Macanga anathawira ku Ntcheu, ku Dedza ndi madera ena. Mnyamata waluso wa nthawi imeneyo ankakhoma banjo yake ndi chigubu cha mafuta ndi waya, basi.

Ku Malawi nkhondo kunalibe, koma boma la Dr Hastings Kamuzu Banda linkayang'anitsitsa chilichonse. Bungwe lounika mabuku, mafilimu ndi nyimbo linakhazikitsidwa mu 1968. Mu 1973 kunabwera malamulo a kavalidwe, ndipo mwamuna watsitsi lalitali ankatha kumetedwa mokakamiza, ngakhale mlendo wongofika kumene pabwalo la ndege. Nyimbo za anyamata osamva, ovala mabuluku otambalala kumiyendo, sizikanapeza malo.

Zambia inali ndi mkuwa. Dzikolo litalandira ufulu pa 24 October 1964, ndalama zake zakunja zoposa 90 pa 100 zilizonse zinkachokera ku mkuwa, ndipo mtengo wake unali wabwino. Anthu anadzazana m'matauni a Kitwe, Ndola, Chingola ndi Lusaka. Makampani a migodi anali ndi maholo ndi makalabu a antchito, momwe munali zida zoimbira ndi magetsi. M'masitolo munkapezeka zimbale za The Beatles, The Rolling Stones, Jimi Hendrix, James Brown, Deep Purple ndi Black Sabbath. Wailesi nayo inali ndi mbiri yaitali. Kuyambira m'zaka za m'ma 1940, nyumba youlutsira mawu ya ku Lusaka inkaulutsa m'Chinyanja ndi zinenero zina, ndipo oimba ngati Alick Nkhata anatchukira pamenepo.

Kenako chapakati pa zaka za m'ma 1970, Pulezidenti Kenneth Kaunda, yemwe naye ankaimba gitala, analamula kuti nyimbo pafupifupi 95 pa 100 zilizonse zoulutsidwa pa wailesi zikhale za m'dziko momwemo. Cholinga chake chinali kumanga mtundu umodzi ndi kuchepetsa chikhalidwe chobwera. Chomwe chinachitika n'chakuti anyamata omwe ankangotsanzira nyimbo za ku England m'mabala anayamba kupeka zawozawo, chifukwa wailesi inali ndi njala ya nyimbo. Lamulo loteteza chikhalidwe linathandiza kubala rock ya ku Zambia, yomwe inapatsidwa dzina loti Zamrock. Ku Copperbelt kunali WITCH ndi Amanaz. Ku Lusaka dzina lomwe linakula kuposa onse linali la Paul Ngozi.

Mnyamata wa ku Chibolya

Dzina lake lenileni linali Paul Dobson Nyirongo. Anabadwa mu 1949 ndipo anakulira ku Chibolya, imodzi mwa makomboni akale a mu Lusaka, malo omwe mpaka lero amatchulidwa ndi mantha pang'ono. Ataimba m'timabandi ta mumzindamo, analowa Musi-O-Tunya, bandi ya Rikki Ililonga, yomwe inkaimba ku Nairobi m'dziko la Kenya kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970. Atabwerera kwawo anayambitsa bandi yakeyake, Ngozi Family, cha m'ma 1975. Pa ng'oma panali Chrissy Zebby Tembo. Pa besi panayamba Billy Sithenge, kenako panabwera Tommy Mwale.

Anthu atatu okha. Panalibe malipenga, panalibe kiyibodi yoti ibise zolakwika, panalibe atsikana ovina kutsogolo. Bandi ya anthu atatu imafuna kuti gitala mmodzi adzaze malo onse, n'chifukwa chake Paul ankaponda fuzz pafupifupi nyimbo iliyonse. Pa nsanja ankaimbanso gitala ndi mano monga ankachitira Jimi Hendrix, ndipo omwe anamuonerera amakamba zimenezi mpaka lero.

Chimbale cha Day of Judgement chinatuluka mu 1976 kudzera ku Zambia Music Parlour, kampani ya ku Ndola ya Edward Khuzwayo, munthu yemwe anatulutsa zimbale zambiri za Zamrock. Mukachimvetsera lero mumva kuti chinajambulidwa mwachangu ndi zida zochepa. Ng'oma zimamveka zouma, gitala nthawi zina amakwirira mawu, ndipo Chingerezi cha Paul ndi cha mu komboni, chosapsatira. Koma mphamvu yake ili pomwepo. Pakati pa nyimbo za Chingerezi pali Kumanda Kwa Bambo Wanga ndi Tikondane, mitu yomwe munthu wa ku Tsangano safuna kuti wina amufotokozere.

Chaka chotsatira, 1977, kunatuluka 45,000 Volts, chomwe chinajambulidwa ku Nairobi, ndipo m'maganizo mwanga ndicho chimbale chawo chopambana. Muli nyimbo ngati Nizakupanga Ngozi, Atate, Chenjelani, Night of Fear ndi House of Fear. M'nyengo yomweyo munatulukanso The Ghetto, pa dzina la Paul Ngozi, momwe muli Ulesi Tileke ndi Suicide. Chrissy Zebby Tembo naye anatulutsa chimbale chake, My Ancestors, iye akuimba mawu, Paul ali pa gitala. Anthu omwewo, situdiyo zomwezo, mayina okha pachikuto n'kumasinthana. Kutulutsa zimbale zingapo m'zaka ziwiri kapena zitatu kukuonetsa mmene msika unalili wotentha, komanso kuti woimba sankalemera ndi chimbale chimodzi. Kuti adye ankayenera kujambula china.

Zomwe ankaimba ndizo zimandichititsa chidwi kwambiri. Mabandi a ku England akafuna kuopseza omvera ankapita ku mafilimu oopsa ndi mabuku a zamatsenga. Paul Ngozi sankafunika kubwereka mantha. Manda, maloto oipa, umphawi, miseche ya anthu oyandikana nawo nyumba, mwana wosiyidwa, munthu wotopa ndi moyo, zonsezi ankaziona pakhomo. Ndipo pansi pa phokoso lonselo, mawu ake anali a mlangizi. Nizakupanga Ngozi, ngakhale mutu wake ukuopseza, ndi nyimbo yodzudzula mlendo wopanda ulemu ndi wamiseche. Ulesi Tileke ndi uphungu womwe agogo aliyense angapereke. Gitala ndi wa mwana wolowerera, koma uthenga ndi wa pabwalo la mfumu. Makolo omwe ankatseka makutu akamva fuzz akanamvetsera mawu okha, akanagwedeza mutu kuvomereza.

Kodi tinganenedi kuti imeneyi inali heavy metal? Okonda nyimbozi amakangana kwambiri pa mayina, ndipo ambiri a iwo angayankhe kuti Ngozi Family inkaimba hard rock, kapena rock ya m'galaja yosakanikirana ndi funk ndi kavinidwe ka ku Zambia. Sakunama. Ng'oma za Chrissy zimavinitsa, pamene heavy metal ya masiku ano imangofuna kuti munthu azigwedeza mutu. Koma m'zaka za m'ma 1970 malire amenewa anali asanakhwime, ndipo ngakhale a Black Sabbath eniake sankalikonda dzina loti heavy metal poyamba. Ine ndimayang'ana zipangizo zomangira nyimbo: riff yolemera yobwerezedwa, gitala wosweka mawu, mitu ya imfa ndi chiweruzo. Zonsezo mu Ngozi Family zilimo. Ngati pali bandi yoimba m'chinenero chathu yomwe tingaiike pa mzere wa makolo a heavy metal, ndi imeneyi.

Mkuwa utagwa

Chodabwitsa n'chakuti zimbale zabwino kwambiri za Ngozi Family zinatuluka chuma cha Zambia chitayamba kale kudwala. Mtengo wa mafuta unakwera mu 1973, chaka chomwenso malire a Zambia ndi Rhodesia anatsekedwa. Pakati pa 1974 ndi 1975 mtengo wa mkuwa unatsika ndi theka. Dziko lodalira chinthu chimodzi linayamba kutenga ngongole, ndalama zakunja zinasowa, ndipo nsambo za gitala, zida zokonzera ampulifaya ndi pulasitiki yopangira zimbale zonse zinali zoitanitsa kunja.

Nkhondo za mayiko oyandikana nawo zinalowanso m'nyumba. Zambia inkasunga omenyera ufulu a ku Rhodesia ndi South Africa, ndipo mu October 1978 ndege za Rhodesia zinaphulitsa msasa wa Chikumbi, kufupi ndi Lusaka. Boma linkaletsa anthu kuyenda usiku ndi kuyatsa magetsi nthawi zina. Bandi imadya usiku, ndiye usiku ukatsekedwa, mphika umazizira. Eni mabala anaonanso kuti kulipira munthu mmodzi woika zimbale za disco n'kotchipa kusiyana ndi kulipira bandi yonse. Makaseti atafika, aliyense anayamba kukopera nyimbo mwaulere. M'zaka za m'ma 1980 anthu anatembenukira ku kalindula ndi rumba ya ku Zaire. Paul Ngozi sanasiye kuimba, anapitiriza kujambula ndipo nyimbo zake zinayamba kupendekera ku kavinidwe ka kwawo, koma nyengo ya fuzz inali itatha.

Chomaliza chinali Edzi, yomwe inalowa mwamphamvu m'matauni a Zambia m'zaka zimenezo n'kutenga oimba ambiri a m'badwo umenewo. Mwa anyamata omwe anatchukitsa WITCH pachiyambi, yemwe anatsala ndi woimba mawu, Emmanuel "Jagari" Chanda, yemwe pambuyo pake anakakhala wokumba miyala yamtengo wapatali. Paul Ngozi anamwalira mu 1989 ali ndi zaka 40. Ku Kabwata mu Lusaka kuli msewu wotchedwa dzina lake.

Zimbale zotoledwa m'fumbi

Kwa zaka pafupifupi makumi awiri nyimbozi zinangoti zii. Matepi oyambirira omwe anajambulirapo ambiri anatayika kapena kuwonongeka. Zimbale zinatsala m'masutikesi ndi m'makabati, zina zitakandika, zina zitapindika ndi dzuwa. Amene anayamba kuzisaka anali anthu otolera zimbale zakale a ku Ulaya ndi America, omwe amalipira madola mazanamazana pa chimbale chimodzi chosowa. Kampani ya Now-Again Records ya ku Los Angeles, motsogozedwa ndi Eothen Alapatt, inagwirizana ndi Rikki Ililonga ndi Jagari Chanda n'kuyamba kutulutsanso nyimbo za Zamrock. Day of Judgement chinatulukanso mu 2014, ndipo mu 2017 kunatuluka zimbale ziwiri zosonkhanitsa mabandi osiyanasiyana zotchedwa Welcome to Zamrock! Mu 2019 kunatuluka filimu yofotokoza mbiri ya WITCH, bandiyo itadzukanso kale n'kuyamba kuzungulira mayiko, ndipo mu 2023 inatulutsa chimbale chatsopano, Zango. Sampa the Great, woimba wa ku Zambia wotchuka kunja, naye anabwerera ku Zamrock pa chimbale chake cha 2022.

Ngozi Family inafika patali kwambiri mu October 2024, pamene woimba wa ku America, Tyler, the Creator, anatulutsa nyimbo yotchedwa Noid. M'kati mwake anaikamo chidutswa cha Nizakupanga Ngozi, mawu a Paul ali momwemo m'Chinyanja. Chimbale chomwe muli nyimboyo, Chromakopia, chinakhala pa nambala 1 pa mndandanda wa Billboard ku America. Anthu mamiliyoni anamva chinenero chathu osadziwa kuti n'chiyani, ndipo achinyamata a ku Zambia ndi Malawi ndiwo ankawamasulira pa intaneti. 

Pamenepa pali chokondweretsa ndi chowawa. N'zabwino kuti nyimbo zapulumuka ndipo dzina la mwini wake likulembedwa. Koma zinatengera munthu wa ku Los Angeles kuti mwana wa ku Lusaka adziwe zomwe zinaimbidwa mumzinda wake womwe. Sindikuimba mlandu alendowo, iwo anachita ntchito yomwe ife tinaisiya. Nyumba zoulutsira mawu ndi zosungira zakale m'mayiko athu zinalibe ndalama, ndipo mwina zinalibenso chidwi ndi nyimbo zomwe akuluakulu ankaziona ngati phokoso la ana osokonekera.

Heavy metal yeniyeni, ya mayunifolomu akuda ndi mawu okhadzula kukhosi, inafika mochedwerapo kum'mwera kwa Africa, ndipo inamera m'malo omwe munthu sangayembekezere. Ku Botswana kuli Wrust ndi Skinflint a ku Gaborone, komanso Overthrust ya ku Ghanzi, m'chipululu cha Kalahari. Ku Angola filimu ya Death Metal Angola ya 2012 inaonetsa achinyamata a ku Huambo, okulira m'nkhondo, akukonza chikondwerero cha nyimbozi mothandizidwa ndi nyumba yosungira ana amasiye. Ku Maputo nakonso kuli timagulu ta achinyamata oimba metal, ndipo filimu ya Terra Pesada imafotokoza za iwo. Ambiri mwa mabandi amenewa amaimba m'Chingerezi kapena m'Chipwitikizi, ndipo aphunzitsi awo ndi Metallica, Sepultura ndi Iron Maiden. Zomwe Paul Ngozi anachita, kuika gitala wolusa pansi pa mawu a chinenero cha pakhomo, ndi ochepa omwe anazipitiriza.

Lero ku Tsangano, ku Ulongwe ndi ku Furancungo nyimbo zimayenda pa memori khadi ndi pa foni, kuchokera kwa anyamata okopera nyimbo pamsika. Fayilo imafika yopanda dzina la woimba, yopanda chaka, yopanda malo omwe inajambulidwa, ndipo foni ikagwera m'madzi zonse zapita. Chimbale cha 1977 chinapulumuka chifukwa chinali chinthu chogwirika, cholembedwa mayina pachikuto. Choncho inu owerenga, ngati m'nyumba mwanu muli chimbale kapena kaseti yomwe bambo kapena amalume anabwera nayo kuchokera ku Zambia, ku Zimbabwe kapena ku Joni, musaipatse ana kuti aziseweretsa. Isungeni pamthunzi, lembani mayina ali pachikutopo, ndipo funsani mwini wake akadali moyo kuti anaigula kuti komanso chaka chanji. Mukapeza mpata wa intaneti, sakani 45,000 Volts mumve nokha, ndipo mukweze voliyumu.